Bambo atisiyira makatoni a matepi akale, kodi ndingadyerepo kwa opanga ma documentary?

Uthenga uwu wachokera kwa mayi wachitsikana wa ku Mufakose, mu mzinda wa Harare kuno ku Zimbabwe, ndaufupikitsa pang'ono:

"Bambo anga anamwalira chaka chatha. Anabadwira konkuno koma agogo anachokera ku Dedza. Kuyambira chakumapeto kwa ma 1980 iwo ankajambula mavidiyo a maukwati, maliro, zinamwali, gule wa kumafamu ndi misonkhano ya ma burial society, magulu othandizana pa maliro. Atisiyira makatoni a matepi a VHS ndi tina ting'onoting'ono, komanso zitini ziwiri za filimu zomwe sitikudziwa kuti anazitenga kuti. Ineyo ndimapanga editi mavidiyo a maukwati. Mnzanga wandiuza kuti opanga ma documentary kunja amagula zithunzi zakale ndi ndalama zambiri. Ndi zoona? Ndingasiye zamaukwatizi n'kuyamba imeneyi? Achimwene anga akuti tingotaya poti zikudzaza nyumba."

Achemwali, pepani kwambiri ndi imfa ya bambo. Tisanapite patali, achimwene anuwo muwauze mwaulemu kuti makatoniwo asawakhudze kaye. Mnzanuyo sananame, ntchitoyi ilipodi ndipo ine ndakhala ndikudya momwemo kwa zaka zambiri, kungoti wakuuzani mbali yokoma yokhayokha. Ndalama zimabwera mwa apo ndi apo, ndipo sizibwera chifukwa choti muli ndi tepi yakale ayi, zimabwera chifukwa mukudziwa zomwe zili mu tepimo, ndani, kuti, chaka chanji, komanso muli ndi pepala losonyeza kuti muli ndi mphamvu yozibwereketsa. Ziwirizi zikasowa, katoni yanuyo ndi pulasitiki basi.

Ntchito zake zilipo ziwiri zomwe anthu amaziphatikiza. Ina ndi ya wofufuza, uja amamulemba kumapeto kwa filimu kuti archive researcher kapena archive producer. Ameneyu sakhala ndi tepi yake olo imodzi, opanga filimu amangomutuma kuti tipezereni zithunzi za nthawi imene Kamuzu anali m'ndende ku Gwelo (lero ndi Gweru) kuyambira Malichi 1959 mpaka Epulo 1960, kapena za anthu akumanga damu la Kariba, iye n'kumasakasaka, kulemba maimelo, kunenerera mitengo, kusainitsa mapepala, ndipo amalipidwa pa tsiku kapena pa sabata. Inayo ndi ya mwini zithunzi amene amabwereketsa zake polipiritsa. Inu mukuganiza yachiwiriyi chifukwa cha makatoni aja, koma imene imagula ufa pafupipafupi ndi yoyambayo. Makatoni a bambo ndi khomo lolowera, ndi amene adzachititse kuti wopanga filimu wa ku Johannesburg kapena London ayankhe imelo yanu.

Zinthu ngati zanuzo zimasowadi, ndipo chifukwa chake n'chosavuta. Ku Malawi wailesi ya kanema inayamba mu 1999, ndiye za m'mbuyomo mumazipeza kwa ojambula a boma, kwa amishoni kapena kwa atolankhani akunja amene ankangobwera pa zochitika zikuluzikulu n'kumapita. Kuno TV inayamba kale mu 1960 koma kamera inkaloza kwa azungu ndi andale, osati kwa bambo wa ku Dedza amene ankaphika m'nyumba ya ku Avondale kapena kupalira fodya ku Mvurwi. Central African Film Unit, yomwe inagwira ntchito kuyambira 1948 mpaka 1963, inajambula zambiri m'mayiko onse atatu, Southern Rhodesia, Northern Rhodesia ndi Nyasaland yomwe, ndipo mafilimu ake ambiri ali ku National Archives of Zimbabwe ku Borrowdale Road, koma anali mafilimu a boma la atsamunda ophunzitsa munthu wakuda kalimidwe, kusunga ndalama ku positi ofesi ndi kumvera, anthu ake ochita kuuzidwa poima. Tsono wopanga filimu wa lero akafuna kuonetsa mmene ana a machona ankakhalira ku Mbare, Highfield, Mabvuku kapena m'makomboni a migodi, atajambulidwa ndi munthu wawo yemwe sankamuopa, amapeza zochepa kwambiri.

Koma musaganize kuti adzagula mkwatibwi akudula keke. Chomwe amafuna ndi timphindi tija bambo anatulutsa kamera pawindo popita ku holo n'kujambula msewu, mabasi a ZUPCO, ma emergency taxi aja a Peugeot 404 anthu atapanikizana mpaka kumbuyo miyendo ili panja, mitengo ya zinthu yolembedwa pakhoma la shopu, amayi a Chigwirizano akuimba pamaliro atavala yunifolomu, tinyumba takuseri tija tinagwetsedwa mu 2005 pa Murambatsvina. Mu tepi ya maola atatu mwina mupezamo mphindi ziwiri zoterezi. Nthawi zina osapezamo kanthu, n'kungoona anthu akudya mpunga.

Tsopano pamene pamagwa anthu ambiri. Kukhala ndi tepi m'manja sikutanthauza kuti zithunzi zake ndi zanu. Lamulo la kuno, Copyright and Neighbouring Rights Act, Chapter 26:05, limateteza filimu kwa zaka 50, ndiye chilichonse chomwe bambo anajambula chidakali ndi mwini wake, funso n'kuti mwiniyo ndani. Zomwe anajambula mwa kufuna kwawo zinalowa m'chuma cha masiye, kutanthauza kuti si zanu nokha, mayi alimo, achimwene omwe akufuna kutayawo alimonso, ndipo ndikuuzeni ine tsiku lomwe dola yoyamba idzalowe aliyense adzakumbukira kuti bambo anali ake. Khalani pansi panopa zinthu zisanakome, amalume alipo, mulembe pepala kuti banja lakupatsani inu udindo woyang'anira matepiwo ndipo ndalama zizigawidwa mwakuti, aliyense asaine. Zomwe anajambula atalipidwa ndi eni ukwati ndi nkhani ina, amene analipirayo amatha kukhala mwini wake pamalamulo, ndiye simungagulitse osamufunsa. Zomwe anangokopa pa TV, kaya nkhani za usiku kaya mpira wa ku Rufaro, ndi za ZBC, wailesi ya boma ya ku Pockets Hill, zimenezo zilembeni pa mndandanda kuti mudziwe zilipo koma musayerekeze kuzigulitsa. Ndiye pali nyimbo. Ngati kumbuyo kukulira nyimbo ya pa kaseti imeneyo ili ndi eni ake, kufunsa kumayambira ku ZIMURA kuno kapena COSOMA ku Malawi, mabungwe oona za umwini wa nyimbo, ndipo njira yachidule yomwe ambiri timatsata n'kulemba mu kontilakiti kuti ine ndikupereka zithunzi zokha, za nyimbo akonze yekha wopanga filimu.

Za gule ndi chinamwali ndichedwepo pang'ono chifukwa ndi zomwe adzakufunseni kwambiri. Kuyambira pomwe UNESCO inalengeza Gule Wamkulu kukhala chuma cha dziko lonse lapansi mu 2005 akunja amamufuna zedi, makamaka wa kuno amene anabwera ndi anthu a kumafamu ndi kumigodi. Gule wovina pabwalo anthu onse akuona alibe vuto lalikulu, bola mwalankhula ndi akuluakulu a gulu lomwe linavinalo kapena ana awo. Koma ngati bambo anali olowa ndipo anajambula zina zomwe sizionetsedwa kwa aliyense, za kudambwe saulula, ndipo palibe mtengo womwe ungakubwezereni ulemu mukautaya pamenepo. Inuyo musachite kuonera nokha kuti musankhe, pezani wamkulu wodziwa za mwambo aone ndi kukuuzani kuti iyi ikani padera. Chinamwali cha atsikana ine sindibwereketsa zamkati olo atanena ndalama zingati, mumakhala ana aang'ono mmenemo amene lero ndi azimayi a pabanja ku Dzivarasekwa komweku. Ndipo olo pa gule wa pabwalo, funsani kuti chithunzicho chikaikidwa pa mawu otani, poti ena amatenga gule n'kumuika pomwe akunena za ufiti. Lembani mu kontilakiti kuti zimenezo ayi.

Tibwere ku matepi enieniwo, chifukwa pamene tikukambirana apa iwo akuwola. Achotseni pansi, achotseni pafupi ndi denga la malata poti kutentha kwa Okutobala kumawapha, muwaimike chilili m'kabati youma kutali ndi masipika. Kapulasitiki kaja ka kumsana kwa VHS kathyoleni kuti wina asajambulirepo mwangozi. Muyang'ane pa kagalasi, mukaona zoyera ngati ufa pa tepi yokulungidwayo ndi chuku, imeneyo musaiike mu deki, makina oonera matepi aja, chifukwa idetsa mitu n'kupatsira matepi ena onse, iikeni payokha mu pulasitiki ndipo pogwira muzivala chophimba pamphuno. Madeki akusowa, kampani yomaliza kupanga ma VCR, Funai ya ku Japan, inasiya mu 2016, ndiye mukapeza yabwino ku ma auction kapena kwa okonza ma TV gulani ziwiri, ndipo muziyamba mwayesa ndi tepi yopanda ntchito. Timatepi tating'onoto tionetsetseni zolembedwa, tikhoza kukhala VHS-C, Video8, Hi8 kapena MiniDV ndipo chilichonse chimafuna makina akeake. MiniDV ndi yabwino poti ndi digito kale, mumangokopa ndi chingwe cha FireWire, ola limodzi limadya pafupifupi 13GB.

Poti ndinu wa editi ndikudziwa dzanja lidzakuyabwani kuti mukonze. Musakonze. Kopani mmene zilili, PAL, 720 ndi 576, mafulemu 25 pa sekondi, 4:3 yake yomweyo osaitambasula kuti idzaze sikirini, osaika fyuluta, osaika logo, osaika nyimbo. Ogula amafuna yosakhudzidwa, kukonza amakonza okha. Timakina totchipa ta USB tija tingakuthandizeni kuonera kuti mudziwe zomwe zilimo, koma kopi yogulitsa imafuna kadi yabwino yokopera vidiyo mu kompyuta ndi kamakina kotchedwa time base corrector kuti chithunzi chisamagwedere. Ndipo musakope opanda inveta kapena sola, magetsi a ZESA akathima tepi ili mkati imatha kukodwa, potulutsa n'kuduka. Makopi akhale atatu, hard drive imodzi izikhala kunyumba ina, ndipo matepi enieniwo musataye olo mutakopa.

Zitini ziwirizo ndi zomwe zikundidetsa nkhawa pang'ono. Musaziike mu pulojekita ina iliyonse. Tsegulani panja pamthunzi, kutali ndi moto, mununkhize. Fungo la viniga likutanthauza kuti filimu yayamba kudzidya yokha ndipo sibwerera m'mbuyo, isiyanitseni ndi inzake. Ngati ndi yopyapyala ya 16mm mtima ukhale pansi, imeneyo siyaka mwachisawawa. Ngati ndi yotakata ya 35mm yang'anani zilembo za m'mphepete, ikalembedwa SAFETY zili bwino, ikalembedwa NITRATE ndiye ya zaka za 1950 zisanafike kapena chakumayambiriro kwake, imayaka moopsa ndipo madzi saizimitsa, isagone m'nyumba momwe muli ana. Ine ndikuganiza kuti ndi makopi a mafilimu a boma kapena a mishoni aja ankazungulira nawo pa galimoto, ndiye umwini wake si wanu, komabe akhoza kukhala osowa.

Ntchito yeniyeni, yomwe palibe makina angakugwirireni, ndi kulemba mndandanda. Tepi iliyonse ipatseni nambala, mutsegule Excel, mulembe miniti ndi sekondi, malo, chaka, anthu, chilankhulo, zomwe zikunenedwa, analipira ndani, chilolezo chilipo kapena ayi. Osalemba kuti "ukwati" basi, lembani kuti miniti 14 mpaka 16, msewu wa kutsogolo kwa Mbare Musika, mabasi, amayi ogulitsa tomato, kamera ikugwedera pang'ono. Khalani ndi mayi kapena azakhali kutsogolo kwa kompyuta masana a Lamlungu, adzakuuzani kuti awo ndi a uje a ku mgodi wa Trojan, chaka chake ndi chija kunali chilala cha 1992, ndipo mujambule mawu awo pa foni pomwe akufotokoza. Zimenezi chitani chaka chino, akuluakuluwa akutha.

Apa ndi pomwe inu mumaposa wofufuza wa ku London amene ali ndi digiri. M'makatalogu akunja mumapeza filimu yalembedwa kuti antchito achiafirika pa mgodi, kapena kuvina kwa mtundu, osatchula kuti ndani, kuti. Inu mukamva nyimbo yomwe akuimba mudziwa kuti awa ndi anthu akwathu, mukaona nyumba mudziwa kuti awa ndi mahositelo a Matapi ku Mbare osati Makokoba ya ku Bulawayo, mumamva Chichewa, Chishona ndi Chingerezi. Opanga filimu amalipira zimenezo chifukwa akaika chithunzi cholakwika amachita manyazi pa dziko lonse. Yambani kudziphunzitsa ndi zaulere. British Pathé inaika mafilimu pafupifupi 85,000 pa YouTube mu 2014, AP ndi British Movietone anatsatira mu 2015, muzisaka ndi mayina akale, Salisbury, Umtali, Gwelo, Fort Victoria, Nyasaland, Fort Johnston, Port Herald, chifukwa mukalemba Mutare kapena Mangochi zambiri sizituluka. Kungoti kupezeka pa YouTube sikutanthauza kuti n'zaulere kuika mu filimu, amalipiritsa ndithu. Pitaninso ku Borrowdale Road mukalembetse ngati wofufuza mudziwe mmene amagwirira ntchito ndi mitengo yawo, ndipo mukapita kumudzi dutsani ku Zomba, National Archives of Malawi inayamba mu 1947 ngati nthambi ya ya kuno, ndiye nkhani imodzi nthawi zina theka lili uku theka uko.

Pa kagulitsidwe, mawu oti kugulitsa achotseni m'mutu. Mumapereka laisensi, tepi ndi umwini zimatsala kwa inu, ndipo chithunzi chomwecho mutha kubwereketsa kwa anthu khumi. Mtengo umatengera mafunso atatu, akaonetsa kuti, kwa nthawi yaitali bwanji, pa chiyani. Wophunzira amene akaonetse ku ma festival okha salipira ngati kampani yomwe ikufuna dziko lonse, njira zonse, mpaka kalekale, ndipo makampani akuluakulu a pa intaneti ngati Netflix amafuna zomalizazi. Amawerenga pa sekondi yomwe yalowa mu filimu yomalizidwa. Nyumba zikuluzikulu zakunja zobwereketsa zithunzi zakale zimatchula madola makumi angapo pa sekondi, pena kupitirira 100, inu poyamba simufika pamenepo. Tingoyerekeza mwagwirizana madola 20, atenga masekondi 30, ndi 600 imeneyo, yokoma ndithu, koma mwina miyezi inayi idutsa wina asanabwere. Ikani malire a pansi, kuti olo atenge masekondi atatu alipira a 10, apo ayi mudzatopa ndi mapepala a ndalama ya kombi. Kwa achinyamata akonkuno amene akupanga filimu ndi ndalama za m'thumba ine ndimatsitsa kwambiri, ndi omwewo mawa amakutchulani kwa akunja.

Poyamba mumatumiza kopi yoonera, yaing'ono, yokhala ndi nambala za nthawi ndi dzina lanu pakati pa chithunzi, amagwira nayo editi. Kopi yoyera imachoka m'manja mwanu ndalama zitalowa, osati atalonjeza, osati atatumiza chithunzi cha risiti pa WhatsApp. Mafilimu ambiri amafera panjira ndalama zitawathera, ndiye pa ntchito yofufuza muzitenga theka poyamba. Tsegulani akaunti ya nostro, yosungira ndalama zakunja ku banki, mukhale ndi invoisi yooneka bwino, mulembe kuti ndalama zotumizira alipira iwo, ndipo za msonkho ku ZIMRA musazizembe poti makampani akunja amafuna mapepala olongosoka. Mutha kuikanso zina kwa ogulitsira anthu ngati Pond5 kapena Getty Images, amadula gawo lawo ndipo muwerenge bwino ngati sakukumangani kuti musagulitse kwina, koma zamaliro ndi zagule musaike kumeneko chifukwa amagula aliyense inu osadziwa zikapita kuti. Masiku ano onjezeraninso mzere woletsa kuti zithunzi zanu zisadyetsedwe ku AI kapena kusinthidwa nkhope ndi mawu.

Ndiye musiye zamaukwati? Ayi achemwali, osati panopa. Ndipo pali ndalama ina yapafupi yomwe mnzanuyo sanaione. Mabanja omwe bambo anawajambula aja ambiri matepi awo anatayika kalekale, ana awo ali ku UK, ku Cape Town, ku Lilongwe, ndipo mukawatumizira kachidutswa ka masekondi 20 ka agogo awo akuvina adzakuimbirani usiku womwewo. Alipiritseni pang'ono pokopera, ndipo pomwepo muwapemphe asaine chilolezo choti zamsewu ndi zapagulu mutha kubwereketsa, mukagulitsa muwagawireko. Mwapeza ya hard drive, mwapeza pepala, mwapeza mayina a anthu a mu tepi, ndipo ena adzakubweretserani matepi awo omwe ali m'masutikesi. Za makasitomala akuluakulu zimabwera ndi kudziwana, muzipezeka ku ma festival a mafilimu a mu Harare, muzitsatira Encounters ndi Durban FilmMart ku South Africa, muone tsamba la FOCAL International, bungwe la ntchito imeneyi la ku London, ndipo mulembere aphunzitsi a mbiri yakale ku University of Zimbabwe kuti adziwe zomwe muli nazo, alendo ofufuza amayambira kwa iwo. Ngati mukufuna pepala la sukulu, NUST ku Bulawayo imaphunzitsa za kasungidwe ka zolembedwa ndi zakale.

Pali malo angapo pomwe simuyenera kudzidalira. Ngati chuma cha bambo sichinalembetsedwe kapena pabanja pali kukokana, onanani ndi loya musanasaine chilichonse ndi wakunja. Kontilakiti yoyamba ya kampani yaikulu ipite kwa loya wodziwa za copyright, makamaka ndime yomwe imati inu mukulumbira kuti zonse ndi zanu ndipo wina akadandaula mlandu ndi wanu, imeneyo ikhoza kukudyerani nyumba chifukwa cha masekondi 15. Ngati mu tepi muli zandale, apolisi, kapena munthu amene angavutike nazo akaonekera, funsani kaye musanatumize olo kopi yoonera. Matepi a chuku, omata kapena olira tswiii mu deki asiyeni kwa odziwa, za kuwotcha tepi mu uvuni zomwe mudzaone pa YouTube zimachitikadi koma ndi makina ake ndi kutentha koyezedwa, osati sitovu ya kukhitchini. Zitinizo imbani kaye foni ku gawo la mafilimu ndi mawu la ku National Archives muwafotokozere kukula kwake, fungo ndi zilembo za m'mphepete musananyamuke nazo, ndipo akafuna kuti muzisiye kumeneko mulemberane ngati mwapereka kapena mwangosungitsa, komanso ngati adzakupatseni kopi. Mukatha, jambulani zolembedwa pa zivindikirozo ndi foni munditumizire, mwina ndingazindikire kuti zinachokera kuti.